William Milton: Kaputeni wa Cricket Amene Anatsekera Krom Hendricks Cipata

Pa 14 June 2025, pabwalo la Lord's mumzinda wa London, timu ya South Africa inagonjetsa Australia ndi kukhala akatswiri a dziko lonse pa masewera a cricket a masiku asanu, amene amachedwa Test. Kaputeni amene analandira mphoto tsiku limenelo anali a Temba Bavuma, munthu wakuda wa mu komboni ya Langa ku Cape Town. Woponya mpira amene anasautsa kwambiri anyamata a ku Australia anali a Kagiso Rabada, munthu wakudanso, amene anatulutsa osewera 9.

Zaka 131 izi zisanacitike, mu 1894, timu yoyamba ya South Africa inakwera sitima ya pamadzi kupita ku England. Ku Cape Town inasiya munthu amene ambiri anali kubvomereza kuti ndiye anali kuponya mpira mwaliwiro kupambana onse m'dzikomo, a Krom Hendricks. Cimene cinawalepheretsa ulendowo cinali khungu lao. Pampando wa kabungwe kosankha osewera panali a William Henry Milton, wosewera wosalipidwa wa cigawo ca Western Province, amene anakhalapo kaputeni wa dzikolo, ndiponso mlembi wa a Cecil Rhodes. Mbiri ya moyo wao ionetsa m'mene bwalo la masewera ndi ofesi ya boma la atsamunda zinakhalira m'manja amodzi.

Masewera ake amayenda motani

Timu iliyonse ya cricket imakhala ndi anthu 11. Pakati pa bwalo pali kanjira kotalika mamita pafupifupi 20, ndipo kumapeto kwake konse kuwiri amazikako timitengo titatu tochedwa wicket. Woponya amathamanga ndi kuponya mpira wolimba wacikopa, osapinda cigongono, kulinga timitengoto. Womenya amaima patsogolo pake ndi thabwa, kuti ateteze timitengo ndi kumenyera mpira kutali. Akaumenya, iye ndi mnzake amathamanga kusinthana malo, ndipo ulendo uliwonse uwerengedwa kuti ndi run imodzi. Mpira ukagwetsa timitengo, kapena wina akauwakha usanagwe pansi, womenyayo watuluka. Anthu 10 akatuluka, matimu amasinthana nchito.

Pa cifukwa cimeneci, woponya mwaliwiro ndi cuma ca timu. M'masiku a kale omenya analibe zisoti zacitsulo, ndipo munthu woponya mpira wosaoneka bwino ndi maso anali kuopedwa ndi onse.

Mabwana ndi anchito pabwalo limodzi

Ku England, kumene masewerawa anabadwira, osewera anali ogawidwa pawiri. Panali osalipidwa, ochedwa ma amateur, amene anali ana a mabanja olemera ndi ophunzira m'masukulu apamwamba. Iwowa anali kunena kuti akusewera cifukwa ca cikondi cabe, popeza ndalama anali nazo kale. Panalinso olipidwa, ana a anthu wamba, amene cricket inali nchito yowadyetsa. Ngakhale anali m'timu imodzi, pamabwalo ambiri magulu awiriwa anali kubvalira m'zipinda zosiyana ndi kulowa m'bwalo pazipata zosiyana. Ukaputeni kawirikawiri unali wa wosalipidwa, ngakhale luso lake litakhala lapansi. Kusiyanitsa kumeneku kunathetsedwa mu 1962.

A Milton anakulira m'gulu loyambalo. Anabadwa pa 3 December 1854 ku Little Marlow, m'cigawo ca Buckinghamshire, ndipo anaphunzira pasukulu ya Marlborough College. Masewera amene anayamba kuchuka nao anali rugby: anasewerera dziko la England mu 1874 ndi mu 1875. Mu 1878, ali ndi zaka 23, anapita ku Cape Colony nalowa nchito ya boma.

Atafika ku Cape Town anapeza azungu akumeneko akusewera mpira wa malamulo ena, amene anacokera kusukulu ya Winchester. A Milton analowa kilabu ya Villagers, ndipo anali mmodzi wa amene anakopa anzao kuti atsate malamulo a rugby. Ici ndico cifukwa cake dzina lao limachulidwa pofotokoza ciyambi ca rugby m'dziko la South Africa.

Pa cricket analowa Western Province Cricket Club, kilabu ya akuluakulu a boma, a usilikali ndi a malonda, imene inakhazikitsidwa mu 1864. Anali womenya mpira mwamphamvu, wodziwanso kuponya, koma mphatso yao yaikulu inali kuyendetsa zinthu: kulemba makalata, kusunga mabuku a ndalama, kuitanitsa misonkhano. Anagwira nchito yaikulu kuti kilabuyo ipeze bwalo la Newlands, m'munsi mwa phiri la Table Mountain, limene linatsegulidwa mu 1888 ndipo linadzakhala limodzi la mabwalo odziwika kwambiri pa dziko lonse.

Zipolopolo za Angerezi

Kumapeto kwa 1888 timu yoyamba ya ku England inafika ku South Africa, motsogoleredwa ndi a Major Warton, kaputeni wake ali a Aubrey Smith, amene pambuyo pake anadzachuka pa mafilimu ku Hollywood. Njanji inali isanafike ku Johannesburg, motero mbali ina ya ulendo anayenda pangolo. Mpira anali kuuponyera pamkeka wolukidwa ndi luzi la kokonati, ndipo m'matauni ambiri alendo 11 anali kulimbana ndi eni dziko 15, 18 kapena 22 kuti mpikisano ukhaleko wofanana.

Pa 12 ndi 13 March 1889, ku Port Elizabeth, mzinda umene mu 2021 unapatsidwa dzina lakuti Gqeberha, eni dziko anayesa kusewera 11 kwa 11. Mpikisano umenewu ndiwo unadzawerengedwa kuti Test yoyamba ya South Africa, ndipo a Milton analimo. England inapambana m'masiku awiri okha. Pa mpikisano waciwiri, ku Newlands, a Milton ndiwo anali kaputeni, ndipo zinthu zinaipiratu: timu yao inapeza ma run 47 pa ulendo woyamba ndi 43 pa waciwiri. Woponya mmodzi wa ku England, a Johnny Briggs, anatulutsa anthu 15 napereka ma run 28 okha.

Mu March 1892 a Milton anatsogoleranso dzikolo pa Newlands pomwepo, polimbana ndi timu ya a Walter Read. South Africa inapeza 97 ndi 83, pamene England inapeza 369 pa ulendo umodzi. Pa ma Test atatu amene anasewera m'moyo wao, a Milton anapeza ma run 68 ndi kutulutsa anthu awiri, ndipo onse atatu timu yao inagonja. Anaseweranso mipikisano yowerengeka ya cigawo ca Western Province. Mbiri yao ya pabwalo ithera pomwepo.

Mnyamata wa ku Bo-Kaap

Popeza Test ya 1892 inatha msanga, kunakonzedwa mpikisano wina woonjezera. Alendo aja anakumana ndi timu ya anthu 18 ya a Malay, ndiwo Asilamu a ku Cape amene makolo ao ambiri anabwera m'dzikomo monga akapolo m'nthawi ya ulamuliro wa a ku Holland. Anthu amenewa, pamodzi ndi anzao amene boma linali kuwacha makaladi, anali ndi makilabu ao a cricket kwa zaka zambiri, ngakhale kuti manyuzipepa a azungu sanali kuwalemba kawirikawiri.

M'timu imeneyo munali a William Henry Hendricks, odziwika ndi dzina lakuti Krom, obadwa mu 1857 m'dera la Bo-Kaap ku Cape Town. Maina ao awiri oyamba anali ofanana ndendende ndi a Milton. Iwo eni ananena kuti atate ao anali a mtundu wa ku Holland ndipo amai ao anacokera pacisumbu ca St Helena. Tsiku limenelo anatulutsa Angerezi anai napereka ma run 50. England inapambana, koma osewera ake anacoka akukamba za woponya ameneyu. Ananena kuti anali mmodzi wa aliwiro kwambiri amene anakumanapo nao, ndipo a Read analangiza kuti South Africa ikadzatumiza timu ku England, isadzamusiye.

Cisankho ca 1894

Patapita zaka ziwiri, ulendo wa ku England unakonzedwadi. Zigawo zinapemphedwa kupereka maina, ndipo dzina la a Hendricks linaperekedwa, makamaka mocirikizidwa ndi cigawo ca Transvaal. Mlembi wa bungwe la cricket la dziko lonse, mtolankhani Harry Cadwallader, anali kumbali yao. Mfundo yake inali yosabvuta kumva: timu imene yagonja katatu konse motere siingasiye woponya wake woposa onse.

Otsutsa anali a m'cigawo ca kwao kwa a Hendricks comwe, Western Province, kumene mau a Milton anali olemera kuposa a wina aliyense. Panthawiyi a Milton anali mlembi wa a Rhodes, amene anali nduna yaikulu ya Cape Colony kuyambira mu 1890. Nkhani inakula m'manyuzipepa. Womenya mpira wochuka wa nthawiyo, a Augustus Tancred, anakana poyera zakuti munthu wosakhala mzungu ayende nao monga mnzao wofanana naye.

Pofuna kupeza njira yapakati, kunaperekedwa ganizo lakuti a Hendricks apite monga wonyamula katundu wa timu, ndipo azisewera pamene afunika. Kunali kuwapempha kuti masana azigwetsa timitengo ta Angerezi, madzulo azisenza masutukesi a anzao ngati mtengatenga. A Hendricks analembera kalata nyuzipepa ya Cape Times kunena kuti sangapite pa udindo wotere. M'dziko limene munthu wa khungu lao anali kuyembekezeredwa kuwerama ndi kuthokoza, kukana kumeneku kunali kulimba mtima kwakukulu.

Kabungwe ka a Milton katakhala pansi, dzina la a Hendricks linacotsedwa. Palibe ananena kuti luso lao linali lopelewera. Cifukwa cimene cinamveka cinali cakuti kuwatenga sikukanakhala kwanzeru pa ndale. A Pelham Warner, amene anadzakhala kaputeni wa England, analemba pambuyo pake kuti a Rhodes eni ake anawauza kuti ndiwo anakana kuti munthu wakudayo atumizidwe. A Cadwallader, amene anali kuyembekezeredwa kukhala woyang'anira ulendowo, anamanidwa udindowo.

Timu inapita ndi kaputeni Herbert Castens. Inapambana mipikisano ingapo, kuphatikizapo wa pabwalo la Lord's, koma anthu oonerera anali ocepa, ndalama zinatha, ndipo anthu a malonda a ku South Africa okhala ku London ndiwo anaipulumutsa. Munthu amene Angerezi anali ndi cidwi cakuti amuone anali atatsala kunyumba.

Cipata cimene cinatsekedwa mu 1894 sicinatsegukenso. Mu 1897 bungwe la cricket la Western Province linakhazikitsa lamulo loletsa osewera olipidwa amene sanali azungu m'mipikisano yake ikuluikulu, ndipo aliyense anadziwa kuti lamulolo linali kulinga a Hendricks, amene panthawiyo anali ku kilabu ya Woodstock. Zimene zinayamba monga cisankho ca munthu mmodzi zinasanduka mwambo wa masewera onse.

Colembera cimodzi, mapepala awiri

Caka comweco ca 1894, ofesi ya a Rhodes inatulutsa lamulo lochedwa Glen Grey Act, ndipo a Milton anathandiza kulilemba. Lamuloli linadula minda ya anthu akuda a m'boma la Glen Grey, kum'mawa kwa Cape, kukhala tizigawo tating'ono ta banja limodzi limodzi, ndipo linaika msonkho wa masheleni 10 pa amuna amene sanatuluke m'dera lao kukagwira nchito. Colinga cinali cakuti munda usakwanire, kuti mwamuna apite kumigodi ndi kumapulazi a azungu. Zaka ziwiri m'mbuyo mwake, mu 1892, boma lomwelo linali litakweza mtengo wa katundu woyenereza munthu kubvota kucoka pa mapaundi 25 kufika pa 75, ndi kuonjezapo mayeso a kulemba, ndipo anthu akuda ambiri anataya voti.

Apa ndipo pagona tanthauzo la nkhani ya a Hendricks. Boma limene linali kumanga malamulo pa mfundo yakuti munthu wakuda malo ake ndi a wanchito silikanalola kuti munthu wotere akaombedwere m'manja ku London atabvala yunifomu ya dziko. Wosewera wolipidwa wa ku England anali kulowa pacipata cina, koma m'bwalo anali kulowamo ndithu. Ku Cape, mwambo uja wosiyanitsa bwana ndi wanchito unasanduka wosiyanitsa khungu, ndipo wakuda anatsala kunja kwa mpanda.

Bwanamkubwa wa ku Halale

Mu January 1896 a Rhodes anatula pansi udindo wa nduna yaikulu, ciwembu ca a Leander Starr Jameson colanda boma la Mabunu ku Transvaal citalephera. Awa ndi a Jameson omwe aja amene tauni ya Chipata inali kudziwika ndi dzina lao, Fort Jameson. Caka comweco, pamene Amandebele ndi Amashona anali pankhondo yokana ulamuliro wa kampani ya British South Africa Company, a Rhodes anatumiza a Milton ku Salisbury, mzinda wa Harare wa lero, kuti akakonze kayendetsedwe ka boma la kampaniyo.

Kuyambira mu 1898 kufikira mu 1914 a Milton anali bwanamkubwa wa Southern Rhodesia. Anamanga nchito za boma motengera za ku Cape, analimbikitsa makilabu a masewera a azungu, ndipo m'nthawi yao Rhodesia inayamba kupikisana nao pa cikho ca cricket ca Currie Cup. Mu 1903 mfumu ya ku Britain inawapatsa ulemu wa Sir. Mu 1910 ku Bulawayo kunatsegulidwa sukulu ya dzina lao, Milton School.

M'nthawi yao yomweyo, mu 1903, kunakhazikitsidwa bungwe lolemba anthu anchito la Rhodesia Native Labour Bureau, limene anthu analipatsa dzina lakuti cibalo, ndipo mu 1904 msonkho wa mwamuna aliyense wakuda unakwezedwa kufika pa paundi imodzi. A Milton sanalamulire kumpoto kwa Zambezi. Ku Fort Jameson kunali bwanamkubwa wina, a Robert Codrington, ngakhale kampani inali imodzi, ndipo inalamulira dziko la Zambia ya lero mpaka mu 1924. Komabe Angoni, Acewa ndi Ansenga ambiri amene anayenda pansi kupyola ku Feira, kuoloka Zambezi kukafuna ndalama ya msonkho ku Halale, anakagwira nchito m'migodi ndi m'mapulazi pansi pa malamulo a boma la a Milton. Midzi yambiri ya kucigawo ca kum'mawa ili ndi agogo amene anayenda ulendo umenewo, ndi ena amene sanabwerere.

A Milton atapuma pa nchito anabwerera ku Ulaya. Ana ao awiri, Cecil ndi John, anasewerera England rugby monga atate ao. Anamwalira pa 6 March 1930 ku Cannes, m'dziko la France, ali ndi zaka 75.

Mlandu suola

A Hendricks anapitiriza kukhala ku Cape Town, nasewera kumene analoledwa, ndipo anamwalira mu 1940. Sanasewerepo mpikisano ngakhale umodzi wa cigawo kapena wa dziko wolembedwa m'mabuku a cricket yapamwamba. Ma run 68 a Milton alimo m'mabukumo kufikira lero. Anthu amene a Hendricks akanatulutsa ku England sadzawerengedwa konse.

Nkhani yao inabwerezedwa mu 1968. A Basil D'Oliveira, a ku Bo-Kaap komweko, atamanidwa mwai kwao anasamukira ku England, ndipo dzikolo linawasankha m'timu yopita ku South Africa. Boma la a John Vorster linakana kuwalandira, ulendo unalephereka, ndipo kuyambira mu 1970 South Africa inasalidwa pa cricket ya maiko mpaka mu 1991. Mu 1998 a Makhaya Ntini anakhala munthu woyamba wa mitundu ya anthu akuda a mu Africa kusewerera dzikolo Test. Ku Zimbabwe, dziko limene a Milton analamulira zaka 16, munthu wakuda woyamba kusewera Test anali a Henry Olonga, mu 1995. Anali woponya mwaliwiro, wobadwira mumzinda wa Lusaka mu 1976.

Kwa zaka zambiri mabuku a mbiri anali kukamba za a Milton monga tate wa rugby ndi cricket kumwera kwa Africa, ndipo zimene anamanga, monga bwalo la Newlands, palibe angazikane. Dzina la a Hendricks linali kuchulidwa mwa apo ndi apo. Mu 2020 akatswiri a mbiri Jonty Winch ndi Richard Parry anatulutsa buku la moyo wao, lochedwa Too Black to Wear Whites, atafufuza m'manyuzipepa ndi m'makalata a nthawi imeneyo. Akuluakulu anati mlandu suola. Lero wofuna kusimba za William Henry wa ku Marlborough College sangathe kutero popanda kuchula William Henry winayo, wa ku Bo-Kaap, amene anakana kusenza katundu.